Kuchoka pa kanema kupita pa mpando: yankho langa kwa mwana wa mlongo wanga

Sabata yathayi ndidali kwathu ku Nambuma kukakhuza maliro a apongozi a achimwene anga. Monga mudziwa, pa siwa ndi pomwe nkhani za dziko lino zimaphikidwa mpaka kupsa. Amayi ali m'nyumba ndi nyimbo zawo, ife abambo tidazungulira chitsa cha moto panja, wina akudandaula za mtengo wa feteleza, wina za fodya wake amene adabwezedwa ku okushoni ku Kanengo.

Chapakati pa usiku mwana wa mlongo wanga adandiyandikira, nanjuta pambali panga.

"Atsibweni, ndili ndi mawu," adatero. "Ine chisankho cha 2030 ndikufuna kudzaima pa ukhansala."

Mnyamatayu ndi wa zisudzo. Adayambira ku tchalitchi, kenaka ku sikelo ya ana komwe gulu lake limachita timasewero ta katemera ndi kulera. Masiku ano amajambula timasewero take pa foni n'kumatiponya pa Facebook, moti kuyambira ku Nambuma kukafika ku Kabudula ndi ku Nsaru ana amamuthamangira akumuitana ndi dzina la m'sewero. Dzina lake lenileni ambiri adaliiwala.

Ndisanayankhe n'komwe, mkulu wina amene amaoneka ngati akusinza adadzutsa mutu.

"Iwe mwana, ukhansala ukuuyesa sewero? Tikadzafuna mjigo udzatipatsa nthabwala?"

Anthu adaseka. Koma wina kuseri kwa moto adabweza: "Nanga a Manganya aja sadafike pa wachiwiri kwa pulezidenti? Inu ndi sukulu yanuyo mudafika pati?"

Mkangano udabuka mpaka tambala woyamba. Ine ndidamuuza mnyamatayo kuti pa maliro si pogamulira nkhani yotere, ndidzamuyankha ndikaganiza bwino. Yankho lakelo ndi ili, ndipo ndaliika pano chifukwa ndikudziwa kuti funsoli si la banja lathu lokha.

Tiyambe ndi a Manganya omwewo, poti ndiwo adatchulidwa.

Ife a ku Nambuma a Michael Usi tidayamba kuwadziwa ndi makutu. Wailesi ya kanema ya TVM idayamba mu 1999, ndipo ngakhale idayamba, kwathu kuno magetsi adali loto. Sewero la Tikuferanji ambiri tinkalimvera pa wailesi ya MBC, ndipo amwayi ankakalionera pa kanema wa batire ya galimoto pa sitolo ya pa msika. Nthawi imeneyo Edzi idali itatipha zedi. Maliro ankachitika sabata ndi sabata, koma aliyense ankangoti "adadwala nthawi yaitali." Manganya ndiye adali m'gulu la anthu oyamba kutchula poyera zomwe tonse tinkanong'ona: zibwenzi zamseri, chokolo, kuopa kukayezetsa magazi. Tinkaseka, koma pobwerera kunyumba aliyense ankadzifunsa yekha mumtima.

Chomwe ambiri pa moto paja sankadziwa n'chakuti munthu amene ankavala zovala za Manganya adalinso ndi ntchito ina ya mu ofesi. A Usi adagwira ntchito zaka zambiri ku bungwe la ADRA mpaka kukhala mkulu wake m'dziko muno, ndipo adaphunzira mpaka kutenga digiri ya udokotala wa maphunziro ku University of Bedfordshire ku Mangalande. Tsono amene amati mpando adaupeza ndi nthabwala zokha akunama.

Pa nkhani ya ndale, malemu a Saulos Chilima adawasankha kuti aime nawo ngati wachiwiri wawo pa chisankho cha pa 21 May 2019, pa tikiti ya UTM. Awiriwa adathera pa nambala 3. Khoti litafafaniza chisankhocho mu February 2020, a Chilima adagwirizana ndi a Lazarus Chakwera, ndipo mgwirizano wa Tonse utapambana mu June chaka chomwecho a Usi adapatsidwa unduna woona za zokopa alendo, chikhalidwe ndi nyama zakutchire. Pambuyo pake adawasamutsira ku unduna wa zachilengedwe ndi kusintha kwa nyengo.

Kenaka lidabwera tsoka la pa 10 June 2024, pamene ndege idagwa m'nkhalango ya Chikangawa n'kupha a Chilima ndi anthu ena 8. Pa 21 June a Usi adalumbira kukhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko lino. Nyuzi za kunja zidalemba mitu yodabwa kuti wanthabwala wakhala wachiwiri kwa pulezidenti, ngati kuti munthuyo adangochoka pa siteji dzulo lake.

Koma apa pali mfundo imene ndikufuna kuti mwana wa mlongo wanga aimvetse. Mipando yonseyi, unduna ndi uwachiwiri womwe, a Usi adachita kupatsidwa ndi pulezidenti. Tsiku lomwe adapita okha kwa Amalawi kukapempha voti, pa chisankho cha pa 16 September 2025, ataima ndi chipani chawo cha Odya Zake Alibe Mlandu, mavoti awo sadafike ngakhale limodzi pa mavoti 100 alionse. A Peter Mutharika ndiwo adapambana, ndipo mpando wa wachiwiri udapita kwa mayi Jane Ansah. Kodi m'dziko muno alipo amene sadziwa Manganya? Palibe. Koma anthu omwewo amene adaseka naye kwa zaka zoposa 20, atalowa m'kachipinda kovotera adachonga pena.

Amene adapambanadi ndi voti ya anthu ndi a Bon Kalindo, omwe tonse timawadziwa kuti Winiko, a m'gulu la zisudzo la Kwathu. Mu 2014 anthu a kum'mwera kwa boma la Mulanje adawasankha kukhala phungu wawo pa tikiti ya DPP. Chomwe dziko limawakumbukira nacho pa zaka zisanu zimenezo si mawu amene adayankhula m'Nyumba ya Malamulo ayi, koma tsiku lina mu June 2016 pamene adayenda m'misewu ya Lilongwe atangovala kakabudula, pokwiya ndi kuphedwa kwa abale athu achialubino, akufuna kuti opezeka olakwa azinyongedwa.

Ena adati phungu wadzichotsa ulemu. Ena adati wachita zomwe anzake a masuti adalephera. Kaya inu mukugwirizana ndi chilango cha imfa kapena ayi, zoona zake n'zakuti tsiku limenelo dziko lonse lidakamba za alubino. Ndi wa zisudzo yekha amene akadaganiza njira yotere, chifukwa ndiye amadziwa kuti diso la munthu limakokedwa ndi chiyani. Komabe mu 2019 a Kalindo sadabwererenso ku Nyumba ya Malamulo. M'zaka zotsatira tidawaona akutsogolera zionetsero zodandaula za kukwera mtengo kwa zinthu, ndipo apolisi adawamangapo kangapo. Kunena mosapsatira, mphamvu zawo zidaoneka kwambiri pa msewu kusiyana ndi pa mpando.

Akuluakulu amene adaona nthawi ya riferendamu akumbukiranso malemu a Du Chisiza Jnr, mwini gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre, mwana wa Dunduzu Chisiza uja adamwalira mu 1962. Mu 1993, boma la a Ngwazi lili m'masiku ake omaliza, a Du adalandira unduna woona za achinyamata, masewero ndi chikhalidwe. Anthu ambiri amene ankakonda zisudzo zawo adagwira pakamwa, poti munthu amene masewero ake ankabaya olamulira adali atakhala nawo pa mphasa imodzi. Boma litasintha mu 1994 iwo adabwerera ku siteji mpaka imfa yawo mu 1999.

Kunja nako nkhani ndi yomweyi. Ronald Reagan adali wosewera mafilimu ku Hollywood asanakhale bwanamkubwa wa California mu 1967 ndi pulezidenti wa America kuyambira 1981 mpaka 1989. Arnold Schwarzenegger, amene anyamata a m'mavidiyo sho a pa Nambuma ankangomutcha Komando, adalamulira California yemweyo kuyambira 2003 mpaka 2011. Ku Ukraine, Volodymyr Zelensky adasewera pa kanema ngati mphunzitsi amene adakhala pulezidenti mwangozi, ndipo mu 2019 anthu adamusankhadi kukhala pulezidenti. Mu February 2022 dziko la Russia litalowa m'dziko lake ndi nkhondo, iye sadathawe mu mzinda wa Kyiv, ndipo luso lake loyankhula pamaso pa kamera ndi lomwe lidamuthandiza kupempha thandizo kwa maiko ena.

Koma musaiwale Joseph Estrada wa ku Philippines. Uyu m'mafilimu ankasewera ngati mpulumutsi wa amphawi, ndipo amphawiwo adamukhulupirira namusankha kukhala pulezidenti mu 1998. Pofika January 2001 anthu adali m'misewu kumuchotsa chifukwa cha nkhani za katangale, ndipo mu 2007 khoti lidamupeza wolakwa, ngakhale adakhululukidwa pambuyo pake. Anthu adavotera munthu wa m'filimu, koma pa mpando padakhala munthu wina.

Mu Africa muno, amene mumakonda mafilimu a ku Nigeria mukumudziwa Desmond Elliot. Mu 2015 adasankhidwa kukhala phungu wa nyumba ya malamulo ya chigawo cha Lagos. Mu 2020, achinyamata a m'dzikomo akuchita zionetsero zodana ndi nkhanza za apolisi, mawu amene iye adayankhula m'nyumbamo odzudzula achinyamata a pa intaneti adakwiyitsa anthu omwewo amene adakula akuonera mafilimu ake. Ku Ghana kuli John Dumelo, amene adagonja pa chisankho cha uphungu mu 2020. Iye sadataye mtima, adapitiriza kuyenda m'dera lake komanso kulima, ndipo mu December 2024 adapambana.

Tsono tikaika nkhani zonsezi pa lichero n'kupeta, chotsala n'chiyani?

Choyamba, tisanyoze. Mkulu uja wa pa moto adalakwa poganiza kuti munthu woseketsa ndi wopanda nzeru. Kuti useketse anthu a ku Nambuma uyenera kuwadziwa: zomwe amadya, zomwe amaopa, zomwe amabisa. Wa zisudzo amakhala ndi khutu. Amamva momwe mayi amadandaulira akapeza kuti dzina lake lasowa pa mndandanda wa feteleza wotsika mtengo, n'kukazibweza pa bwalo mpaka mayi yemweyo aseke misozi ili m'maso. Aphungu angati amene ali ndi khutu lotere? Ambiri timawaona nthawi ya kampeni yokha, magalasi a galimoto atakweza.

Ndiponso tinene zoona, ndale zathu zambiri ndi sewero kale. Munthu amafika pa msonkhano atavala nsalu ya chipani, amayi akuvina, iye n'kugwetsa misozi pa maliro a munthu amene sadamuonepo chibadwire. Amalonjeza mlatho pomwe palibe mtsinje. Lamulo la zipani la 2018 lidaletsa kugawa ndalama ndi katundu pofuna mavoti, koma ndani wa ife amene sadaonepo timaenvulopu tikuyenda madzulo a msonkhano? Kusiyana kwake n'kwakuti wa zisudzo amakuuziratu kuti ili ndi sewero, pamene winayu amalumbira kuti akunena zoona.

Chachiwiri, tisatengeke. Sewero ndi mpando ndi ntchito ziwiri zosiyana, ndipo mapanga awiri avumbwitsa. M'sewero vuto limayamba ndi kutha mphindi 30 zisanakwane: mwamuna woledzera walapa, mfumu yadyera yagwidwa, anthu aomba m'manja. Pa mpando palibe zotere. Msewu wathu wafumbi umene umasanduka phala dzinja lililonse sungakonzeke ndi mawu okoma. Pafunika munthu wokhala pansi m'makomiti otopetsa, wowerenga mapepala a bajeti mzere ndi mzere, wofunsa kuti ndalama za thumba la chitukuko la CDF zapita kuti, wobwerera ku ofesi imodzimodzi kasanu mpaka fayilo ipezeke. Ntchito imeneyi ilibe oombera m'manja. Munthu wozolowera phokoso la chikhamu akhoza kufota nayo ngati nkhwani za dzulo.

Palinso nkhani ya chiyankhulo. Mphamvu ya Winiko, ya Manganya, ngakhale ya malemu Izeki ndi Jakobo, idali m'Chichewa, m'mikuluwiko ndi m'kapindidwe ka lilime. Koma m'Nyumba ya Malamulo zokambirana zimachitika m'Chingerezi, motsata malamulo a m'nyumbamo, sipikala atagwira wotchi. Munthu amene amagwedeza bwalo lonse la mpira ndi mawu awiri akhoza kukhala chete zaka zisanu m'nyumba imeneyo. Vuto limeneli si la a zisudzo okha, ndipo tsiku lina tidzayenera kulikamba palokha.

Chachitatu ndi chimene chimandiwawa kwambiri ine. Wa zisudzo akalowa m'boma, mudzi umataya pakamwa pake.

Kwathu kuno ndi kwa gule wamkulu. Za kudambwe sindingaziulule pa nyuzi, koma zomwe zimachitika pa bwalo aliyense amaziona. Chilombo chimatuluka n'kunyoza waulesi, wachiwerewere, wokonda mowa, ngakhale munthu wa udindo amene wayamba kudzimva. Palibe amene amachiimba mlandu, chifukwa chilombo sichili mbali ya munthu aliyense, ndipo chikatha kuvina chimabwerera komwe chidachokera. Makolo athu adadziwa kuti mudzi umafunika wina wonena zomwe ena onse akuopa. Tsono taganizani chilombo chitavina n'kukakhala pa mpando pafupi ndi a gulupu, n'kumalandira nawo za pa mlandu. Mawa chidzanyoza yani?

Izi ndi zomwe zimachitika wa zisudzo akavala mtundu wa chipani. Dzulo akaseka boma tonse tinkati wanena zoona. Lero akaseka boma timati akufuna mpando, akaseka otsutsa timati wadya za boma. Nthabwala ndi yomweyo, munthu ndi yemweyo, koma makutu athu asintha. Ndipo akachoka pa mpandopo n'kubwerera ku siteji, theka la anthu limakhala litamutaya kale. Kale pa MBC tinkamvera Kapalepale ndi Pamajiga banja lonse pamodzi osafunsa kuti osewerawo ndi a chipani chanji. Chinthu chimenecho chikatayika sichibwerera msanga.

Ife ovota nafenso tili ndi mbali yathu. Sewero likakhala losakoma umangonyamuka n'kumapita, kapena kuzimitsa wailesi. Phungu kapena khansala sungamuzimitse. Malamulo athu a 1994 adali ndi gawo 64 lopatsa anthu mphamvu yochotsa phungu wawo nthawi yake isanathe, koma aphungu adalichotsa mu 1995. Kuyambira pamenepo, ukalakwitsa pa tsiku lovota ndiye kuti walakwitsa zaka zisanu. N'chifukwa chake kuvotera munthu chifukwa choti nkhope yake timaidziwa n'kuika khasu m'manja mwa mlendo poti wavala malaya okongola. Tizifunsa: kupatula kutiseketsa, adayendetsapo chiyani? Ndalama za gulu lake la zisudzo amazisunga bwanji? Anzake amene amasewera nawo amagawana nawo mwachilungamo? Amene walephera kugawa bwino ndalama za pakhomo pa holo sangagawe bwino za mijigo.

Tsono iwe mwana wa mlongo wanga, yankho langa ndi ili.

Sindikukuletsa. Malamulo a dziko lino sakuletsa, ndipo ine si woposa malamulo. Pa anthu amene ndawaona akuima pa ukhansala m'dera lathu, suli wochepa nzeru kuposa aliyense wa iwo. Koma usawerenge ana amene amakuthamangira pa msika n'kumati ndi mavoti. Ambiri a iwo sadafike zaka 18, ndipo makolo awo amene amaseka nawe ndi omwewo amene adaseka ndi Manganya.

Pakati pa lero ndi 2030 pali nthawi. Lowa m'komiti ya chitukuko ya m'mudzi mwanu, ukhale pansi pa mtengo ndi mafumu kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka mukukangana za malo oumbira njerwa za sukulu. Pita ukamvere nawo msonkhano wa khonsolo ya boma lathu, uone momwe nkhani ya mlatho umodzi imatengera miyezi. Phunzira kuwerenga bajeti. Ukaona kuti zimenezi ukuzipirira popanda wokuombera m'manja, bwera udzandiuze, ndipo ine ndidzakhala woyamba kukuperekeza kukapereka mapepala.

Koma ukaona kuti mtima wako uli pa bwalo, usachite manyazi kukhala pomwepo. Sewero lako lija la mlembi wa komiti amene adalemba maina a anthu akufa pa mndandanda wa makuponi lidachititsa kuti m'midzi ingapo anthu aumirire kuti maina aziwerengedwa poyera. Sindikudziwa khansala amene adachitapo zoposa pamenepo chaka chimenecho. Ukadzakhala khansala, sewero lotere sudzalichitanso, chifukwa mlembiyo adzakhala munthu wako wa kampeni.

Maliro aja tidaika mawa lake masana. Pobwerera ku manda ndidamuona mnyamatayo ali pakati pa anzake, akutsanzira mayendedwe a mkulu uja adamunyoza pa moto. Anthu ankadzigwira pakamwa poopa kuseka pa maliro. Mkulu mwiniwakeyo adatembenuka, namuyang'ana nthawi yaitali, kenaka adapukusa mutu n'kunena kuti: "Mwana uyu ndi mfiti. Koma voti yanga ayambe wandionetsa mjigo."